Kugwira Kolala

Anthu a pa wailesi ya kanema ija ankamutcha Nong'o, ndipo dzinalo silinamugwere pachabe. Pa zaka zonse zimene anali pulodyusa wa pulogalamu ya m'mawa, ntchito yake yeniyeni inali yonong'ona. Iye ndiye ankasaka alendo, kukonza mafunso, kukangana ndi madalaivala ochedwa, kenako n'kukwera kukakhala m'chipinda cha mabatani, chala chili pa batani lofiira, pakamwa pali pafupi ndi maikolofoni. Akadina batanilo, mawu ake ankatsikira ku situdiyo n'kukalowa m'khutu la munthu mmodzi yekha, mayi wowulutsa pulogalamuyo, kudzera m'kachipangizo kopiringizika kamene anyamata a makamera ankakatcha kankhono.

Mayiyo owonera onse ankamudziwa kuti Mayi Mwadzuka, chifukwa cha moni wake wotsegulira pulogalamu. Nong'o ankamudziwa kuti ndi mkazi wake. Ndipo pamene nkhani ino ikuyamba, mkaziyo anali akukhala kwa mkulu wake kuyambira mvula isanagwe mpaka italeka, atachoka pakhomo ndi mawu akuti akukangopuma pang'ono.

Kupumako kunatenga masutikesi awiri, makina osokera ndi mpando wake wa pakhonde. Munthu wokapuma sanyamula mpando, koma Nong'o sanafunse. Anamuthandiza kukweza katunduyo m'galimoto, n'kumangira mpandowo ndi chingwe mosamala kwambiri kuti usakagwe panjira. Pakhonde panatsala timadontho tinayi toyera pamene miyendo ya mpando inkaima, ndipo mwamunayo akamakolopa ankatilambalala.

Ankamusowa. Tisachite kuzungulira, bamboyu ankapukwa ngati mwana wosiyidwa ku sukulu yogonera. M'mawa uliwonse ankayatsa kanema, n'kukhala ndi kapu ya tiyi kutsogolo kwake, kumaonera mkazi wake akupereka moni kwa anthu onse a m'dziko. Mlendo akayamba kutalikitsa nkhani, chala chachikulu cha Nong'o chinkadina chokha m'mphepete mwa tebulo, ndipo ankadzimva akunong'ona kuti, "Mudule, iwe, wayamba kulalikira." Tebulo silinali ndi waya. Tiyi ankazizira.

Kuti mumvetse kumene zinakhotera, muyenera kudziwa lamulo limodzi la ntchito imeneyi. Wowulutsa akakhala pa kanema sangayankhe munthu amene akumulankhula m'khutu, apo ayi owonera angamuyese wozungulira mutu. Choncho Nong'o, akadali mnyamata wa malaya amodzi, anapangana ndi mtsikana wowulutsayo chizindikiro. Akamva zimene wauzidwa, azigwira kolala ya bulauzi yake ngati akuikonza. Owonera ankangoti mayiyu ndi waukhondo. Nong'o ankaona pa sikirini n'kudziwa kuti uthenga wafika.

Poyamba mauthengawo anali a ntchito yokhayokha. Funso lomaliza. Yang'ana kamera yachiwiri. Usaseke, ndolo ya mlendo yagwera m'kapu. Kenako anayamba kuwonjezerapo zake, zonga kuti diresi yamuyenera, kapena kuti chitsekerero cha cholembera chimene ankachisaka chili pansi pa mpando. Munthu amene pamaso pa mkazi ankauma pakamwa ngati wadya nthochi yosapsa, kuseri kwa batani anali katswiri wa mawu. Ndiye tsiku lina, malonda a sopo ali mkati pa kanema, anadina batani lija.

"Iwe, tatsala pang'ono kubwerera. Ukathana ndi mlendoyu tipita ku zanyengo. Komanso ine ndimafuna kukukwatira."

Mtsikanayo anayang'ana kamera, maso ali tong'o. Malonda anali akutha. Anakweza dzanja n'kugwira kolala.

Nong'o analumpha mpaka kugwetsa mpando. "Wavomera!" Pamene pulogalamu imatha, nkhani inali itazungulira nyumba yonse, kuyambira kwa mayi wophoda nkhope mpaka kwa mlonda wa pageti. Mtsikanayo anatuluka m'situdiyo n'kupeza anthu atandanda m'khonde akuwomba m'manja, ndipo mkulu wa kamera yachiwiri, amene ankatchedwa Diso Limodzi chifukwa chotsinzina diso lina pojambula, anali atadzisankha kale kukhala woyendetsa mwambo wa ukwati. Ukwati unachitikadi, ndipo patapita nthawi kunabadwa mwana wamkazi.

Banja lawo linkayenda motere. Kunyumba ankatchulana kuti inu, mwaulemu, n'kumakambirana za magetsi, za nsapato za mwana ndi za mpopi wodontha. Ku ntchito, m'khutu, mkaziyo anali iwe. Nkhani zonse zikuluzikulu zinkadutsa m'kankhono. Akalakwa kunyumba, Nong'o ankapepesa m'mawa mwake pa nthawi ya malonda. Atapeza nyumba yabwinoko, ananena pakati pa nkhani zamasewero ndi zamsika. Mwana atakhoza mayeso, uthenga unatsika ndi waya womwewo. Nthawi zonse dzanja linkakwera n'kugwira kolala, ndipo Nong'o ankadzitama kwa anzake kuti m'nyumba mwake simunamvekepo mkangano. Anzakewo ankasirira. Chikomekome cha mkuyu, m'kati muli nyerere, koma nyererezo ngakhale mwini mkuyu sankazidziwa.

Mumtima mwake munali njala ina. Pulodyusa amatunga madzi, dayirekita ndiye amasamba, ankatero Nong'o. Pulodyusa amathamanga mlungu wonse kuti zinthu zikhalepo, koma wonena kuti kamera iime apa, munthu uyu alowere uku, kuwala kugwe chonchi, ndi dayirekita. Nong'o ankaona zithunzi m'mutu mwake ndipo zinkamuyabwa. Choncho abwana a mapulogalamu atamuitana n'kumuuza kuti wailesi ikuyambitsa sewero la mlungu ndi mlungu, ndipo akufuna iyeyo akhale dayirekita wake, sanafune n'kukaganiza komwe. Anavomera ali chiimire.

Nong'o anauza mkazi wake m'mawa wotsatira, mwa njira yake ija, munthu wa zanyengo akuloza mitambo pa mapu.

"Iwe, andipatsa sewero lija. Ndikhala dayirekita. Mwezi wamawa m'khutu mwako mukhala munthu wina."

Dzanja linachedwa kukwera tsiku limenelo. Litafika pa kolala linakhalapo nthawi yaitali, zala zikufinya nsalu. Nong'o anaona pa sikirini ndipo mtima wake unadzaza. Anati mkazi wangayu wandidalitsa ndi manja awiri.

Udayirekita unamuyenera, zimenezo tisamunamizire. Anasiya kunong'ona n'kuyamba kukuwa. Ankavala chipewa ngakhale m'nyumba, ndipo mawu ake akuti "Dulani!" ankamveka misewu itatu. Ankajambula m'nyumba zobwereka, m'magalaja, m'mabasi oima, nthawi zina kutali kogona masiku. Seweroli linatchuka moti pa nthawi yake m'malo ometera tsitsi ankasiya mitu ya anthu ili theka. Analandira chikho chagalasi chimene anachiika pamwamba pa firiji. Chimene anthu ankamutamira kwambiri chinali mmene ankajambulira mabanja. Ankatha kuimitsa mwamuna wa m'sewero kakhumi konse, kumuuza kuti, "Ayi, sapepesa choncho munthu. Muyang'ane m'maso. Dikira ayankhe." Mpaka ogwira magetsi ankapukuta misozi.

Akabwerera kunyumba, fumbi lili m'tsitsi, ankapeza mkazi wake pakhonde pa mpando uja. Ankapatsana moni. Patebulo pankalankhula masipuni. Nong'o ankakhala ndi zambiri zoti anene, zinkachita kumufika pakhosi, koma chala chinkasowa podina. Ankati ndinena mawa, ndipo mawa lake ankadzuka kuli mdima kuthamangira dzuwa la kujambula. Zinayenda choncho zaka, mwana anakula n'kupita kukaphunzira unamwino, ndipo tsiku lina mkaziyo ananena za kupuma kuja.

Anayesapo kukamuona kwa mlamu wake. Anagula malalanje, n'kukhala pa sofa ya eni ake mawondo ali pamodzi ngati wodzafunsira ntchito. Analankhula za maenje a mumsewu. Analankhula za mtengo wa mapeyala wa kuseri kwa nyumba, kuti chaka chino wabereka. Mkazi wake anamvetsera mwaulemu, manja ali pamiyendo. Pomuperekeza, mlamu wakeyo, mayi wosadziwa kubisa mawu, anamuyang'ana kuyambira kumutu mpaka kuphazi.

"Alamu, mwabwera ulendo wonsewu kudzatiuza za mapeyala?"

Mwana wawo uja naye sanamusiye. "Adadi, anthu a m'sewero lanu mumawapatsa mawu okoma mlungu uliwonse," anatero pa foni. "Simungabeko chiganizo chimodzi n'kupita nacho kwa amami?"

Nong'o anaseka, koma atatseka foni anakhala nthawi yaitali akuyang'ana chikho chija pamwamba pa firiji.

Chakudza sichiimba ng'oma. Lolemba lina abwana a mapulogalamu anamuitana n'kumuuza kuti Mayi Mwadzuka akusiya kuwulutsa. Sukulu ina yophunzitsa atolankhani, ya mumzinda wakutali kwambiri, inawapempha kuti akaphunzitse, ndipo anyamuka kumapeto kwa mlungu womwewo. Abwanawo ankalankhula ngati munthu amene akukumbutsa mwamuna zinthu zimene akuzidziwa kale, ndipo Nong'o ankagwedeza mutu ngati akuzidziwadi.

"Pulogalamu yotsanzikana ndi Lachisanu. Pulogalamu ya m'mawayi inu ndi amene munaiyambitsa, ndiye taona kuti n'koyenera kuti mudzakhale dayirekita wa tsikulo."

Nong'o anatuluka mu ofesimo, ndipo pofika pa masitepe mtima unayamba kugunda mwa mtundu wina. Chipinda cha mabatani. Maikolofoni. Khutu lija. Anaona kuti wapatsidwa mpata umodzi wokha, ndiponso m'chilankhulo chokhacho chimene iye ankachitha. Masiku otsalawo anawathera pokonza mawu. Ankawanena posamba, ankawanena poyendetsa galimoto, kuchotsa apa, kuwonjezera apo, kuwayeza kuti akwane m'nthawi ya malonda.

Lachisanu analawirira, atavala malaya oyera, chipewa atachisiya kunyumba. Chipinda cha mabatani anachipeza chitasintha. Masikirini akale onenepa aja anali atachotsedwa, khoma lonse linali magalasi opyapyala, ndipo tebulo linali latsopano, lalitali, la timagetsi tambirimbiri. Fungo lokha ndi limene linali lakale, la kapeti ndi khofi wotayikira. Pa mpando wa pulodyusa panali mayi wina wamfupi wa magalasi, amene anzake ankamutcha Mayi Wotchi chifukwa sankalola pulogalamu kupitirira ngakhale ndi mpweya umodzi. Iyeyu ndiye analowa m'malo mwa Nong'o.

"Takulandirani, a Dayirekita. Mpando wanu ndi uwo. Ndikuonetseni tebuloli, chifukwa zinthu zinasuntha," anatero Mayi Wotchi, n'kuyamba kuloza mabatani limodzi ndi limodzi.

Koma nthawi yomweyo pa sikirini yapakati panaoneka Mayi Mwadzuka akukhala pa mpando wake. Anavala bulauzi yobiriwira ya kolala yaikulu. Wophoda nkhope anamupukuta pamphumi, ndipo iye anapendeketsa mutu n'kulowetsa kankhono m'khutu lakumanzere, monga ankachitira kalekale, akuluma mlomo wam'munsi. Nong'o anaona kuti tsitsi la pafupi ndi khutulo layamba imvi, ndipo zinamupweteka kuti imvizo zinamera iye osaziona.

"Mwamva, a Dayirekita?" anafunsa Mayi Wotchi.

"Ndamva," anatero Nong'o, maso ali pa sikirini.

Pulogalamu inayamba. Ntchito ankaidziwa, ndipo manja ake anaigwira okha. Kamera yoyamba, tenga onse. Yachiwiri, yandikira. Alendo anali anthu amene mayiyo anachezapo nawo m'zaka zapitazo, mphunzitsi wopuma, mayi woyendetsa lole, dokotala wa mano amene nthawi ina anakomoka ndi mantha pa kanema. Kunali kuseka, kunali timisozi. Kenako Mayi Wotchi anakweza dzanja n'kunena kuti akupita ku malonda omaliza.

Nong'o anayang'ana pa tebulo. Batani lofiira linali pomwepo, pafupi ndi chala chake chachikulu, ngati linkamudikira zaka zonsezi. Anawerama, n'kuphimba maikolofoni ndi dzanja, n'kudina.

"Iwe," ananong'ona. "Ndine. Nyumba ija yakula, ndikusochera. Mpando wako unasiya timadontho pakhonde ndipo sindinatikolope. M'mawa ndimakulankhula pa tebulo ngati wamisala. Usapite kutaliko. Bwerera kunyumba."

Anasiya batani n'kuyang'ana sikirini. Mayi Mwadzuka anali akusanja mapepala ake. Anamwa madzi. Anafunsa wophoda nkhope ngati mphuno ikunyezimira. Dzanja silinapite pa kolala.

Chimene chinasuntha ndi chithunzi cha kamera yachiwiri, chimene chinayamba kunjenjemera ngati galimoto yoima injini ikulira. Pa sikirini ya pakona, yoonetsa situdiyo yonse, Nong'o anaona Diso Limodzi, tsopano mkulu wa dazi ndi mimba, akuchotsa nkhope pa kamera pang'onopang'ono. Mkuluyo anayang'ana kumwamba, n'kukweza dzanja mwaulemu wonse, n'kugwira kolala ya ovolosi yake. Kenako mawu ake anamveka m'mahedifoni a aliyense.

"Bwana, ine kubwera ndikhoza kubwera, koma mayi a kunyumba akandimva ndithera pomwepo."

Wa kamera yoyamba anakhala pansi atagwira pamimba. Wosakaniza mawu anabisa nkhope m'chipewa. Mayi Wotchi sanaseke. Anangotambasula dzanja n'kuloza kabatani kakuda ka mbali yake ya tebulo.

"Lofiiralo ndi la makamera masiku ano," anatero motsitsa mawu. "La wowulutsa ndi ili, ndipo limakhala kwa pulodyusa. Ndinakuuzani. Tikubwerera, konzekani."

Samva za anzake anamva nkhwangwa ili m'mutu. Nong'o anafuna pansi patang'ambika, koma kanema sadikira munthu wamanyazi. Anapitiriza kuitana makamera ndi mawu ouma. Pamapeto Mayi Mwadzuka anayang'ana kamera yachiwiri, imene tsopano inali itakhazikika, n'kuthokoza owonera chifukwa chomulola kulowa m'nyumba zawo asanasambe n'komwe. Anati mawa adzuke bwino ngakhale iye sadzakhalapo kuti awafunse. Nong'o anauza Diso Limodzi kuti ayandikire, ayandikirebe, mpaka nkhope ija inadzaza khoma lonse. Anaisunga pamenepo nyimbo yotsekera ikulira, Mayi Wotchi akumukodola kuti nthawi yatha, iye osafuna kunena mawu oti chithunzicho chichoke. Anachita kudula ndi Mayi Wotchi.

Pambuyo pake m'situdiyo munali keke, zakumwa ndi malankhulidwe. Nong'o anaima kumbuyo pafupi ndi makatani, atagwira mbale ya pepala, aliyense akumulambalala ndi nkhope yomangidwa mwadala. Pa wailesi nkhani siigona, ndipo anaona ndi maso ake wophoda nkhope akutsina khutu mkazi wake, khutu lakumanja, lopanda kankhono. Mkaziyo sanatembenuke. Anapitiriza kugawa keke.

Anthu atayamba kubalalika, anabwera. Anaima patsogolo pa Nong'o, akupukuta zala ndi kansalu.

"Ndamva kuti mwafunsira a Diso Limodzi," anatero.

"Mabatani anasuntha."

"Anasuntha kalekale, bambo ake mwana." Anamuyang'ana kwa kanthawi. "Bwerani. Khalani apa."

Anamutsogolera ku mpando wa wowulutsa. Nong'o anali atauona mpandowo pa sikirini kwa theka la moyo wake koma anali asanaukhalepo. Mkaziyo anachotsa kankhono m'khutu lake, n'kukapukuta ndi kansalu kaja, n'kugwira chibwano cha mwamuna wake kuti apendeketse mutu. Kanali koyamba kumukhudza chichokereni pakhomo. Kankhonoko kanali kofunda. Anamupanikiza kamaikolofoni pa malaya, n'kupempha wa magetsi kuti asazimitse kaye, n'kutuluka. Nong'o anamva nsapato zake zikukwera masitepe.

Anatsala yekha. Magetsi ankamuwotcha pamphumi ndipo kuseri kwake sankaona kalikonse, mdima wokhawokha ndi diso lakuda la kamera. Chipinda cha mabatani sichinkaoneka n'komwe. Anadabwa. Zaka zonse zija iye ankaona nkhope ya mkazi wake mpaka kaphuphu kalikonse, ndipo ankangoganiza kuti nayenso amamuona.

M'khutu munamveka kuti thee, kenako kamkokomo kosalala ngati mvula yakutali. Ankakadziwa kamkokomoko mwa mbiri chabe. Owulutsa ankati kamamveka nthawi yonse imene chala cha pulodyusa chili pa batani.

"Mukundimva? Musayankhe, maikolofoni yanu ndauza Mayi Wotchi atseke, ndipo atuluka. Mukudziwa chochita."

Mawuwo anali pafupi kwambiri, m'kati mwa mutu mwenimweni, moti Nong'o anachita tsemwe. Anakweza dzanja n'kugwira kolala.

"Eya. Koma batanili ndi lokoma, eti? N'chifukwa chake munkalikonda." Anapumira m'mwamba. "Ndikufunse chinthu, iwe. Lero ndinena kuti iwe, muno ndi mmene timalankhulira. Kugwira kolala kumatanthauza chiyani? Unapanga wekha lamulolo. Kumatanthauza kuti ndamva. Basi. Sikutanthauza kuti inde, sikutanthauza kuti ayi, sikutanthauza kuti ndakondwa. Wagwira kolala panopa. Wavomera chiyani?"

Nong'o anatsitsa dzanja pang'onopang'ono.

"Tsiku la sopo lija ndikanavomera. Usaganize kuti unandikwatira mokakamiza. Ndinkadziwa kuti udzafunsa, ndipo yankho ndinali nditaliyeserera pagalasi. Ndinkafuna ndikuvutitse kaye mlungu umodzi ngati mtsikana wina aliyense, uonde pang'ono, kenako ndidzanene inde ndi pakamwa panga ndikukuyang'ana. Ndinatuluka muno n'kupeza inde wanga wagawidwa kale nyumba yonse, mpaka kwa mlonda. Sunandifunsenso. Mpaka lero inde ameneyo ndikadali naye, sindinamugwiritse ntchito."

Kamkokomo kaja kanapitirira. Nong'o anamva mkazi wake akukoka mpando.

"Unkapepesa bwino m'khutu, zoona. Ndinkakhala apo ndikumwetulira dziko lonse, mawu ako akundilowa mpaka mumtima, ndipo ndinkati tikafika kunyumba ndimuyankha. Tikafika kunyumba iwe nkhani unali utaitseka kale, wavula nsapato, ukufunsa za mpopi. Tsiku la udayirekita ndinkafuna kunena kuti pita, ukuyenera, ndinkaona mmene unkajambulira zinthu ndi zala m'malere. Koma ndinkafunanso kufunsa kuti nanga ife tizilankhulira pati. Ndinafinya kolala mpaka batani la bulauzi linathothoka. Iwe unakagula zakumwa."

Pakamwa pa Nong'o panatseguka. Mawu anabwera ambirimbiri nthawi imodzi, oti sankadziwa, oti akanangomuuza, oti iyenso.

"Ndikuona milomo ikuyenda," anatero mawu a m'khutu, ndipo munali kachiseko kotopa. "Zimawawa, eti? Kukhala ndi yankho pakamwa, kamera ili pamphuno. Khala nalo pang'ono. Ine ndakhala nalo mpaka imvi."

Nong'o anatseka pakamwa. Thukuta linatsika m'mbali mwa khutu ndipo sanalipukute. Anakumbukira mwamuna wa m'sewero uja amene ankamubwereza kakhumi, ndi mawu ake omwe akuti dikira ayankhe, ndipo manyazi amene anamugwira apa anaposa a Diso Limodzi aja. Koma pansi pa manyaziwo panali chinthu china. Mkazi wake anali asanamulankhulepo nthawi yaitali chonchi, ndipo iye sankafuna kuti asiye. Akanalola kukhala pa mpandowo mpaka mawa, akunyozedwa, bola mawuwo akhale m'khutu mwake.

"Kusukulu kuja ndinawauza kuti ndipita," anapitiriza mkaziyo. "Katundu ndamanga. Mpando uja mkulu wanga akuti ndiusiye, ngwolemera. Tsopano ndikutsegulira maikolofoni. Zimene unauza a Diso Limodzi andifotokozera, koma zofotokozeredwa sindizifuna. Nena wekha. Ukanena, udikire."

Pa kamaikolofoni ka pamalaya panayaka kagetsi kobiriwira. Nong'o anayang'ana diso lakuda la kamera, poti kwina koyang'ana kunalibe. Mawu onse amene anakonza mlungu wathunthu anali atathawa.

"Bwerera ku..." anayamba, n'kuima. Analimva yekha liwulo. Linali la pulodyusa, lofanana ndi yang'ana kamera yachiwiri, lofanana ndi funso lomaliza. Anayambiranso, ndi mawu athunthu, osanong'ona, amene anamveka achilendo m'situdiyo yopanda anthu.

"Ndakusowa kwambiri. Kodi ungabwerere kunyumba?"

Kunali zii.

Kwa munthu wa pa wailesi palibe tchimo loposa chete. Chete akangotalika pang'ono, pulodyusa amatuluka thukuta, dayirekita amakuwa kuti ikani nyimbo, ikani malonda, ikani chilichonse. Thupi lonse la Nong'o linkamukankha kuti adzaze mpatawo, anene za mapeyala, alonjeze kusiya sewero, aseke. Chala chake chachikulu chinkafufuza batani pa bondo. Anachigwira ndi dzanja linalo, n'kudikira.

"Ndamva," anatero mkazi wake.

Sananene china. Kale Nong'o akanalumpha n'kugwetsa mpando, n'kuthamanga m'khonde kukauza mlonda. Lero anakhala pomwepo, chifukwa tsopano ankadziwa kukula kwa liwulo ndi pamene limathera. Silinali inde. Silinalinso ayi.

Wa magetsi, amene anali atadikira mokwanira, anasuzumira pakhomo n'kufunsa ngati angazimitse. Nong'o sanatembenuke. Magetsi anayamba kuzima, la kumbuyo, la m'mbali, kenako lalikulu la pamwamba, mpaka kunatsala kagetsi kobiriwira ka pamalaya pake. M'khutu lake kamkokomo kaja kanali kasanaleke. Kumwamba kuja chala chinali chikadali pa batani, ndipo akamvetsera bwino ankamva munthu akupuma. Anaika manja pa mawondo n'kupitiriza kudikira.